Mchira wa Zala Ziwiri

Apongozi anga mpaka lero amauza anthu kuti mwana wawo ndi mkazi wake amagwira ntchito ku fakitale ya matiresi. Tinawafotokozerapo kangapo konse. Si matiresi ogonera, amayi, ndi mathirasi, mafelemu aja a makona atatu amene amakhala pa makoma n'kunyamula malata. Amavomera ndi mutu, koma pakangotha mwezi foni imalira: "Mukadzapeza lotsala, ngakhale lopyapyala, msanawu wandivuta." Kale tinkaseka. Chaka chino ndinangoti tidzaona, chifukwa sindinkadziwa ngati tikhalabe ndi fakitale yoti aziisokoneza dzina.

Ine ndimakhala mu ofesi, kachipinda ka magalasi koyang'ana m'shedi monse. Ntchito yanga ndi kulandira mapepala a miyezo n'kulowetsa manambala mu kompyuta. Sindijambula, sindiwerengera kulemera kwa denga. Izo amachita Bwana Wamng'ono, amene anapita kusukulu ya zomangamanga. Ine ndine zala chabe. Amuna anga, bambo a Phwiti, ndi kalipentala. M'shedimo amawatchula kuti a Levulo, poti sakhoma msomali asanaone kuti kathovu ka pa levulo kaima pakati penipeni. Phwiti ndi mwana wathu wa zaka zitatu, wochepa thupi koma pakamwa ngati wailesi. Ndiye mukutha kuona: malipiro awiri, denga limodzi. Likagwa, latiphwanya tonse atatu.

Zinthu zinayamba kutembenuka zaka ziwiri zapitazo. Matabwa abwino anasowa. Amene ankabwera anali aawisi, otuluka madzi pa macheka, ndipo akagona sabata imodzi padzuwa ankapindika ngati nthochi. Mtengo wake nawo sunkagona. Makasitomala anayamba kufunsa funso limodzi asanakhale n'komwe pampando: "Za chitsulo muli nazo?" Ati chiswe sichidya chitsulo, ati n'zopepuka, ati mnansi wawo anaika ndipo denga linatha tsiku limodzi. Tikati ayi, ankathokoza mwaulemu n'kuwoloka msewu kupita ku fakitale inayo. Ndinkawaperekeza ndi maso pagalasi mpaka atakhota. Mwezi wina ndinawerenga anthu khumi ndi asanu ndi awiri, ndipo sindinauze aliyense.

Bwana wamkulu atapuma ntchito, mwana wawo, amene ndi Bwana Wamng'onoyo, anagulitsa lole imodzi n'kuitanitsa makina. Ndi aatali ngati basi. Mbali ina amameza mpukutu wa chitsulo chopyapyala chokulungidwa ngati riboni. Mbali inayo amalavula zidutswa zopindidwa kale, zodulidwa kale, zobooledwa mabowo a masikuluwu, chilichonse ndi nambala yake kumsana. Chako munthu n'kungoyang'anitsa bowo ndi bowo n'kumanga. Pensulo ayi, macheka ayi, ngakhale utuchi wosesa madzulo palibe. Tsiku lowayesa, thirasi limene amuna anga ndi anzawo awiri ankathera nalo m'mawa wonse linatuluka tiyi wanga asanazizire.

Madala, kalipentala wamkulu kuposa onse, amene anaphunzitsa amuna anga ntchito, anaima poteropo manja kumbuyo.

"Chinthu chopanda fungo," anatero. "Nanga ukafika kunyumba mkazi adziwa bwanji kuti unali kuntchito?"

Anthu anaseka, koma kuseka kwake kwa m'mano.

Lolemba la sabata imene ndikunenayi, Bwana Wamng'ono anawaitana onse pafupi ndi makinawo. Sanazungulire.

"Akalipentala mulipo khumi ndi awiri. Makinawa akufuna anthu anayi. Sabata ino ndikhala ndikuona, Loweruka masana ndikhoma mayina pachitseko."

Kenako anagawa ntchito. Amuna anga anapatsidwa yokayeza nyumba ya oda yathu yoyamba ya chitsulo, kachipatala katsopano kamene munthu wina akumanga kuseri kwa msika.

"A Levulo, mukukumbuka zimene tinaphunzira," anatero akuwapatsa pepala. "Nambala ya pa tepi, basi. Osawonjezera, osachotsera. Zina zonse kompyuta imadziwa yokha."

"Ndamva, bwana."

Nyumbayo ndi ya masitayilo a masiku ano, zobisa denga zija. Makoma amakwera kupitirira malata, moti ukaima panja umangoona bokosi loyera. Mathirasi ake sakhala pamwamba pa khoma ngati kale. Amalowa mkati, pakati pa makoma awiri, n'kutsamira pa kamlomo ka konkire kosaposa zala zinayi. Thirasi likatalika silingalowe, ndipo sungalidule, poti kumapeto kwakeko n'komwe kuli mabowo ndi mphamvu yake yonse. Likafupika, likhala longogwira ndi chikhadabo, pamwamba pa mitu ya odwala.

Lachitatu masana amuna anga anabwera nalo pepala lija, tsitsi lili mbuu ndi fumbi la simenti. Kuntchito sitichezerana. Anagogoda pagalasi ngati mlendo.

"Amayi a muofesi, katundu wanu uyu."

"Mwayeza bwino, a Levulo?"

"Funsani tepi." Anamwetulira, koma maso ali psu ndi kutopa. "Mwana akamutenga ndani lero?"

"Ine. Inu mugule buledi."

Atachoka ndinaika pepalalo pambali pa pulani ya nyumbayo, monga ndimachitira nthawi zonse. Manambala ofunika anali awiri okha. Chipinda chachikulu chodikirira odwala, pulani inkati 8,400, amuna anga analemba 8,440. Chipinda cham'mbali, pulani inkati 6,200, iwo analemba 6,240.

Kusiyana kotere si kwachilendo. Omanga samanga zimene zili pa pulani. Akanakhala kuti amatero, bwenzi tisakutumiza munthu kukayeza. Khoma limatha kuthawa ndi 15, ndi 25, ndi 60. Koma 40 apa, 40 apo? Chala changa chinaima m'malere pamwamba pa batani. Mamilimita 40 ndi zala ziwiri za amuna anga. Ndimazidziwa, ndakhala nazo m'nyumba zaka zisanu.

Akalipentala a m'shedi mwathu amautcha mchira. Ukayeza, sulemba nambala ya tepi, umalemba nambala ya macheka: ya tepi ija kuwonjezerapo zala ziwiri, kuti ukafika pamalo ukachepetse wekha mpaka thabwa litakhala bwino. Madala ankaphunzitsa zimenezi ndi makofi. Thabwa lalitali limamvera, ankatero, lalifupi silikula. Kunyumba kwathu chilichonse chinabadwa ndi mchira: shelefu ya mbale, kabenchi ka pakhomo, mtengo wopachikapo katani. Amabweretsa chotalika, n'kudula pomwepo, kachidutswako n'kukaponya m'katoni ya kuseri kwa chitseko. Zoseweretsa za Phwiti ndi zimenezo. Ali ndi katoni yodzadza michira, yosalala ndi timanja take, amamangira nyumba ndi mabasi.

Ndinayang'ana m'shedi. Bwana Wamng'ono anali pa makina, akukweza mpukutu watsopano ndi tcheni. Kudula kunali kwa m'mawa mwake, 8 koloko, mathirasi makumi awiri ndi asanu ndi limodzi, mpukutu wonse wathunthu. Ndikanatha kungodzuka n'kukawauza, sipanali patali. Koma ndikanati chiyani? Kuti amuna anga, pa ntchito yokhayo imene mukuwayesera, achita chinthu chokhacho chimene munawaletsa? Kunali kuwafufuta ndekha pa mndandanda, ndi dzanja lomweli limene ndimawaphikira nalo.

Ndiye ndinafufuta 8,440 n'kulemba 8,400. Ndinafufuta 6,240 n'kulemba 6,200. Palibe akanadziwa. Ndinakhala ndikuyang'ana manambalawo mpaka anayamba kuvina. Nanga ngati makomawo anamangidwadi choncho? Nanga ngati mchirawo uli m'mutu mwanga mokha? Ine ndine munthu amene ndimabwerera panjira kukaona ngati ndakhoma chitseko chimene ndakhoma kale. M'maso mwanga munabwera mayi atakhala pabenchi m'kachipatalamo, mwana wotentha thupi ali pamiyendo, pamwamba pawo chitsulo chogwira ndi chikhadabo. Ndinabwezera manambala a amuna anga. Patapita kanthawi ndinawachotsanso. Pofika nthawi yoweruka ndinali nditachotsa kanayi ndi kubwezera kanayi, bulauzi itanyowa m'khwapa.

Bwana Wamng'ono anasuzumira pakhomo. "Mwamaliza? Nditumize ku makina?"

"Ndimalize m'mawa, bwana. Kompyuta ikuchedwa lero."

"Pofika hafu seveni zikhale zitatheka."

Kompyutayo inalibe mlandu uliwonse.

Phwiti ndinamupeza kusukulu ya mkaka ali ndi nsapato imodzi m'manja ndi chimfine chatsopano. Mu minibasi anandifotokozera nkhani yaitali ya mwana wina amene anadya choko, ine n'kumangoti eya, eya, mutu uli pa 40. Tinafika kunyumba dzuwa lisanalowe. Bambo ake analowa pambuyo pathu, buledi ali kukhwapa, ndipo sindinadikire ngakhale kuti avule nsapato. Mwina apo ndiye ndinalakwitsa.

"Bambo a Phwiti, manambala aja."

"Atani?"

"Simunaikepo mchira?"

Anaika buledi patebulo pang'onopang'ono. "Iwe, ukunditenga ngati mwana? Munthu andiuze pamaso pa anthu khumi ndi mmodzi, ine n'kukachita zomwezo?"

"Sindikunena kuti mwadala."

"Nanga ukuti chiyani? Zaka khumi ndi zinayi ndili ndi tepi m'thumba. Iwe unagwirapo ya telala yokha, ndiye lero poti umadina mabatani a abwana ndi sekondale yakoyo..."

Sanamalize. Phwiti anali atasiya zomanga zake pansi, akutiyang'ana wina kenako wina, kamphuno kakuchucha. Ndinamupukuta, n'kulowa kukhitchini.

Sanali kunama, ndinaona pankhope pawo. Amuna anga akamanama amakanda khutu. Apa manja onse anali pansi. Ndiye mwina ndine ndinali wolakwa, mwina ayi, ndipo mpunga unapserera pansi ndikuganiza zimenezo.

Titadya ndinayamba nkhani ina. Phwiti wakula, miyendo imatulukira m'kabedi kake, ndipo tinagwirizana kalekale kuti katsopano kadzalowa pakati pa khoma ndi wadiropu.

"Tandiyezereni pampata paja," ndinatero ndikusonkhanitsa mbale. "Ndikufuna ndikafunse mtengo wa matiresi. Enieniwo, a apongozi aja."

Anaseka, pokondwa kuti mkangano watha. Anasolola tepi, n'kugwada, kuikoka kuchokera kukhoma kufika pa wadiropu. Anayang'ana kamodzi, kuchotsa pensulo kukhutu, kulemba pa chivindikiro cha katoni ya Phwiti, uku akuimba kamluzu. Ndinawerama kuti ndione. 1,240.

"Tandibwerekani tepiyo."

Ndinagwada pomwe anagwada iwo. Tepi inapindika kawiri konse. Kachitatu inaima bwino. Ndinakanikiza chala pa nambala. Anawerama. 1,200.

Anailanda n'kuyezanso okha. Anayang'ana tepi, anayang'ana katoni, kenako anayang'ana dzanja lawo lamanja ngati ndi la munthu wina.

"Ndinaona 1,200," anatero chapansipansi. "Ndinaionadi ndi maso angawa. Dzanjali ndi limene..."

"Adadi, mwalemba pa nyumba yanga!" anakuwa Phwiti, n'kukoka katoni yake.

Bambo ake anakhala pansi pomwepo, msana kukhoma, miyendo atatambasula. Ndinakhala pambali pawo. Sindinati ndinakuuzani. Ndinalibe mphamvu zake, ndipo sindinamve kukoma kulikonse kwa kupambana.

"Ndiye mawa ungochotsa 40 konse kuwiri," anatero. "Adziwa ndani?"

"Ndachotsa kale kanayi lero. N'kubwezera kanayi."

"Chifukwa?"

"Mungalumbire kuti onse awiri ali ndi mchira?"

Anatseka maso ngati akukwera makwerero aja kachiwiri. "Chachikulu chija ndikukumbuka ndili pamwamba ndekha. Cham'mbali... kunali phokoso, ankathira konkire. Sindikudziwa, amake Phwiti. Sindikudziwa."

"Lalifupi silikula."

"Usandiphunzitse mawu a Madala m'nyumba mwanga," anatero, koma mopanda ukali. Anapukuta nkhope ndi manja onse awiri. "Tipite m'mamawa. Ndikayezenso asanayatse makina."

Tinakwera minibasi yoyamba, Phwiti ali kumsana poti kusukulu ya mkaka satsegula nthawi imeneyo. Ndinawerengera kuti tikafika cha m'ma sikisi, kuyeza mphindi khumi, pofika hafu seveni ndili pa kompyuta ngati sipanachitike kanthu. Sindinawerengere mlonda.

"Opanda a kapitawo salowa munthu muno," anatero ali kuseri kwa geti la malata.

"Achimwene, ndine ndinabwera dzulo uja. Wa denga."

"Dzulo linali dzulo. Matumba a simenti akasowa, mudzabwera ndinu kudzandiyankhira?"

Tinaima panja. Phwiti anadzuka n'kufuna madzi, kenako kufuna kutsika, kenako kufuna kugwira waya amene ndinamuletsa. Ndinkayang'ana nthawi pafoni mphindi iliyonse, ngati kuyang'anako kungaichedwetse. Amuna anga ankangotsegula ndi kutseka tepi, tsee, thwa, tsee, thwa, mpaka ndinawagwira dzanja.

A kapitawo anafika itadutsa seveni ndi mphindi makumi awiri, munthu wonenepa wokankha njinga, akutafuna chingamu.

"A Levulo! Mwaiwala chiyani? Kapena mwabwera kudzationetsa alamu?"

"Ndikufuna ndiyezenso, akulu. Mundigwirire kumapeto."

Anakwera onse awiri, wina khoma ili wina khoma ilo. Ine ndinaima pansi pakati pa chipinda chopanda denga, mwana kumsana, mitambo ikuyenda pamwamba. Amuna anga atafika pamwamba dzanja lawo linapita lokha kukhutu.

"Ayi," ndinakuwa. "Ponyani pensuloyo kuno. Inu muziwerenga mokweza, wolemba ndine."

A kapitawo anaseka mpaka makwerero anagwedezeka. "Eee! Kunyumba zimakhalanso chonchi, a Levulo?"

Pensulo inagwera mumchenga. Ndinaitola.

"8,400," anatero amuna anga. Anasuntha makwerero, anayeza pakati, anayeza kumapeto. "8,400. 8,400."

Mchira unalipo. Ndinalemba pa chikhatho poti pepala ndinaiwala. Tinalowa m'chipinda cham'mbali.

"6,240."

"Werenganinso."

"6,240. Bwera udzaone wekha ngati ukufuna."

"Limenelo musalikayikire," anatero a kapitawo ali pamwamba. "Khomalo tinalisuntha. Mwini wake anati bedi la matayala lizitha kutembenuka. Paja dzulo ndinakuwerengerani ndine pano, inu munagwira kumapeto, mwaiwala? Munangolemba zimene ndinanena."

Ndinakhala pa mulu wa njerwa. Dzulo masana, kanayi konse, 6,200 inali pa kompyuta yanga, ndipo chala changa chinali pafupi ndi batani lotumizira.

Foni inalira m'chikwama. Bwana Wamng'ono. Nthawi inali itatsala mphindi khumi ndi zisanu kukwana 8 koloko.

"Muli kuti, mayi? Ndatsegula ndekha kompyuta yanu, ndapeza manambala alimo kale, akufanana ndi a papepala. Ndatumiza ku makina. Tikuyatsa."

"Bwana, musayatse." Ndinaphimba foni ndi dzanja. "Pali nambala imodzi... ndine ndinalakwitsa polemba, ndi ine amene..."

Ndinkadziwa kuti bodzalo lilibe miyendo. Pepala linali patebulo panga, ndi zolemba za amuna anga, ndipo bwana anali atangonena kuti aliona. Koma pakamwa pankangopita. Sindinaone nthawi imene amuna anga anatsika pa makwerero. Ndinangomva foni ikuchoka m'manja mwanga.

"Bwana, ndi Levulo. Musayatse. Chipinda chachikulu ndinaika mchira. Nambala yake ndi 8,400. Ndili pamalo pano, ndayeza katatu."

Ndinkamva patali kulira kwa makina akutenthetsa.

"Chinacho?"

"Chinacho chili bwino, 6,240."

"Ndinakuuzani chiyani Lolemba, a Levulo?"

"Munandiuza, bwana."

"Ndiye mwadziwa bwanji?"

Amuna anga anandiyang'ana, ndili pa njerwa paja, Phwiti akundikoka ndolo. "Akunyumba ndi amene anandigwira."

Foni inaduka.

Tsiku limenelo bwana sanatilankhule. Ndinafika mochedwa ndi ola lathunthu, ndinapeza atasintha okha nambala ija, makina akulavula zidutswa. Ndikadzutsa mutu ndinkaona msana wa amuna anga pa tebulo lomangira, akuyang'anitsa bowo ndi bowo. Nthawi ya nkhomaliro palibe anawaseka, ndipo m'shedi mwathu munthu akapanda kusekedwa ndiye kuti zake zaipa. Nkhani inali itafika kale kwa onse.

Lachisanu amuna anga anapita kukakweza mathirasi. Ndinagwira foni m'manja tsiku lonse. Madzulo anabwera, anakhala pa kabenchi ka pakhomo n'kuyamba kumasula zingwe za nsapato.

"Alowa?"

"Alowa. Ngati phazi mu nsapato yake." Anavula nsapato imodzi. "Sindinagwire macheka tsiku lonse. Manjawa amangofunafuna chochita."

Zidziwitso zonse zapachitseko ndimataipa ndine, koma cha Loweruka bwana anataipa okha, chitseko cha ofesi yawo atatseka. Itakwana 12 koloko anatuluka, anakhoma pepala ndi tinthu tiwiri tomatira, n'kubwerera. Amuna khumi ndi awiri anayandikira mosathamanga, ngati opita kukaona mtembo. Ine sindinadzuke. Ndinkayang'ana kumbuyo kwa khosi la amuna anga, poti ndimatha kuwerenga pamenepo. Anawerama, anaima nthawi yaitali, kenako anatembenuka n'kundionetsa zala zinayi pagalasi. Dzina lachinayi, lomaliza.

Bwana anatiitana tonse awiri. Sanatiuze kuti tikhale.

"A Levulo, mukanandiphera mpukutu wathunthu. Mwatsala chifukwa munatenga foni ija n'kunena nokha. Pali ena aluso kuposa inu panjapo, koma akanangokhala chete n'kudikira kuti tikaonere komweko." Anatikita m'maso, nawonso anali otopa, ndipo ndinaona koyamba kuti ndi wamng'ono kwa amuna anga. "Koma zoyeza mwasiya. Mukhala pa tebulo la masikuluwu. Mwezi wamawa kukubwera kachipangizo koyezera ndi kuwala. Ungokaloza kukhoma, kamatumiza kokha nambala ku kompyuta. Sipakhalanso pepala, sipakhalanso wolemba. Zolakwika ngati izi zitheretu."

"Zikomo, bwana," anatero amuna anga.

"Zikomo, bwana," ndinatero nanenso. Sipakhalanso wolemba. Bwana ananena akuyang'ana amuna anga, ndipo sindikukhulupirira kuti anazindikira kuti pali winanso m'chipindamo amene amadyera kulemba. Amuna anga nawo sanamve. Ndinangopinda chikhatho, chimene ndinalembapo 8,400 ndi pensulo tsiku lija.

Panja anthu anali kulongedza zida zawo m'matumba. Dzina la Madala panalibe. Tinawapeza pa geti atakhala pa bokosi lawo la zida, pambali pali thumba lodzadza lomangidwa ndi waya.

"Levulo, tabwera kuno. Ndamva kuti dzanja langa linakutsatira mpaka ku chipatala."

"Munandimenya kwambiri, Madala."

"Ndinakumenya pang'ono. Ndikanakumenya bwino bwenzi utaika konse kuwiri." Anaseka mpaka kutsokomola. Kenako anandiyang'ana ine. "Ndiye ndiwe unamugwira, mwana wanga? Zaka makumi anayi ndikuika mchira, mkazi wanga sanadziwepo. Iwe uli ndi maso oipa."

"Ndi mantha chabe, Madala."

"Mantha ndiye levulo yeniyeni, uyu wangobera dzina." Anakankha thumba lija ndi phazi. "Michira ya mdzukulu wanga Phwiti iyi. Ndasesa shedi yonse, ndasankha yopanda misomali. Umuuze asamataye, ndi yomaliza. Chinthu chanucho sichisiya kanthu, ndipo chikasiya n'chocheka zala."

"Nanga inu mulowera kuti?" anafunsa amuna anga.

"Zitseko zilipo, mabenchi alipo. Anthu sadzakhalira chitsulo masiku onse, chimazizira kumatako." Anadzuka, ananyamula bokosi lawo, anakana kuti tiwathandize.

Mu minibasi kondakitala anafuna kuti thumbalo lilipire mpando wake. Amuna anga analinyamula pamiyendo njira yonse, chibwano chili pamwamba pake, fungo la utuchi litadzadza galimoto.

Kunyumba Phwiti anakhuthula michira yonse pakati pa nyumba n'kuyamba kumanga chipatala, ati chokhala ndi denga. Foni inalira, apongozi. Ndinawauza kuti mwana wawo watsala pantchito. Anathokoza Mulungu nthawi yaitali, kenako anafunsa za msana wawo uja, ine ndinati tidzaona.

Nditatuluka ndinapeza bambo a Phwiti atagona pa kabenchi ka pakhomo, dzuwa likadali pamwamba, nsapato imodzi atavula ina ayi. Pensulo inali kukhutu. Ndinaichotsa pang'onopang'ono kuti ingawabaye akatembenuka. Ndinaima nayo m'manja, osadziwa poiika. Kenako ndinakumbukira kuti matiresi a Phwiti sindinafunsebe mtengo, ndipo nambala imene ili pa katoni si yoona. Ndinalowa, ndinagwada pakati pa michira, ndinakhwatcha 1,240 n'kulemba 1,200.